Ana a eni pa mphika wa agogo

Ndi Lamlungu masana ku Chikanda, mumzinda wa Zomba. Anthu akubwerera kuchokera kumapemphero, Mabaibulo ali m'khwapa, ndipo m'tinjira tokhotakhota ta pakati pa nyumba mukumveka fungo la makala ongokolezedwa kumene.

Kuseri kwa nyumba ina ya malata akale, pamthunzi wa mtengo wa mango, payalidwa mphasa. Pamphasapo pakhala agogo ena aakazi, miyendo atawongola, lichero lili pantchafu. Akusadzula nkhwani. Zala zawo zinapindika ndi nyamakazi, koma ntchito iyi sizinaiiwale. Akathyola kaphesi n'kukoka, timitsitsi toyabwa tija tikutsika tonse mpaka kunsonga kwa tsamba.

Chapafupi, mtsikana wovala jinzi wamanga chitenje pamwamba pake, akusinja mtedza m'kamtondo. Mnyamata wina wanjuta pambali pa mbaula, mthiko uli m'manja, maso ali misozi chifukwa cha utsi.

Agogo sakumuyang'ana n'komwe. Mphika akuumvera ndi makutu.

Mnyamatayo atangotambasula dzanja kuti atape ufa, mawu amveka kuchokera pamphasa paja kuti adikire kaye, phala silinabwate mokwanira. Akathira ufa tsopano nsima ikhala yaiwisi, ndipo usiku aliyense agona atagwira pamimba.

Mnyamatayo wabweza dzanja. Mtsikana uja waseka.

Pakhomo pano palibe amene ali pachibale ndi mnzake.

Mtsikanayo kwawo ndi ku Rumphi, mnyamatayo ku Nsanje. Onse ndi ophunzira a pa Yunivesite ya Malawi, imene ambirife timaitchulabe kuti Chanco, ndipo amachita lendi m'tizipinda ta kuseri monga amachitira anzawo ambirimbiri osowa malo ogona pasukulupo. Agogo ndiwo eni nyumba. Amuna awo anatisiya kalekale. Mwa ana awo amene ali moyo, wina ali ku Lilongwe, wina ku Johannesburg.

Chimene chinawakumanitsa ndi lendi basi. Koma Lamlungu lililonse, ndiponso masiku ena a m'kati mwa sabata mayeso akakhala patali, mphika umakhala umodzi.

Nkhwani walowa mumphika wa madzi ochepa, tomato pamwamba, kamchere. Utangofota, agogo awaza nsinjiro n'kuvundikira osatakasa. Mtsikana wafunsa chifukwa chake. Amuyankha kuti nsinjiro ziyambe zapsa ndi nthunzi. Ukafulumira kutakasa zimathawira pansi pa mphika n'kupserera, ndiwo zonse n'kuwawa.

Nsima yaomoledwa ndi chipande choviika m'madzi, mitanda yasanjidwa m'mbale yaikulu. Mtsikana wabwera ndi beseni ndi jagi, wagwada, wayamba kuthirira agogo madzi osamba m'manja, kenako mnzake uja. Pemphero lalifupi.

"Tiyeni, adzukulu."

Manja alowa m'mbale.

Ubwenzi umenewu sunayambe ndi msonkhano kapena komiti. Unayamba ndi nyemba zopserera.

Mtsikana uja akuti atangofika kumene pakhomopo anatereka nyemba, n'kulowa m'chipinda kukawerenga, n'kuiwala. Amene anaphula mphikawo ndi agogo, atamva fungo. Sanakalipe. Madzulo ake anamveka odi pakhomo, m'manja muli kambale kovundikira ndi kanzake, m'katimo therere lothira chidulo.

Mbale ya mnzako siibwerera yopanda kanthu. Mtsikanayo anaibweza muli tomato ndi kashuga pang'ono. Patapita masiku inabweranso, ulendo uno muli futali. Inayenda uku ndi uku mpaka tsiku lina agogo anafunsa kuti kuvutika konseku n'kwa chiyani, bwanji osangodyera pamodzi.

Nkhani ya mnyamatayo ndi yowawa pang'ono. Ndalama zochokera kumudzi zinachedwa, ufa unatha, ndipo nthawi ya nkhomaliro ikakwana iye ankadzitsekera m'chipinda kuti anzake asamuone. Agogo anazindikira kuti mbaula yake yagona yozizira kawiri. Sanamufunse ngati ali ndi njala. Mwana wamwamuna wa msinkhu umenewo akanakana ngakhale mawondo akunjenjemera. Anangomuitana kuti adzawathandize kuvundula nsima, poti mkono wawo masiku ano sukulimba.

Wovundula nsima sachoka osadya.

Limeneli ndi luso limene sitiliyamikira mokwanira: kudyetsa munthu osamuchititsa manyazi. Silimaphunzitsidwa m'kalasi iliyonse, ndipo amene akulidziwa bwino akutha mmodzimmodzi.

Lero aliyense amabwera ndi chake. Ophunzira amabweretsa zofuna ndalama, monga mafuta ophikira, bonya, makala, mwina kankhuku ndalama zikangofika kumene. Agogo amabweretsa za m'kadimba kawo ndi za m'mutu mwawo. Anawa asanadziwane nawo ankakhalira soya, mazira ndi tchipisi cha pachiwaya. Tsopano amasiyanitsa chisoso ndi bonongwe, kholowa ndi khwanya. Akudziwa kuti chidulo ndi madzi odontha kuchokera m'phulusa la zitsononkho, loikidwa m'chitini chobowola pansi. Akudziwanso kuti nkhoko satayira agalu, ndipo mkute wa dzulo ndi kadzutsa wabwino kuposa kupita m'kalasi wopanda kanthu m'mimba.

Mtsikana wa ku Rumphi uja amaphunzira za sayansi. Tsiku lina anawauza agogo kuti a zaumoyo amaletsa kuchulutsa soda ndi chidulo m'ndiwo zamasamba chifukwa zimawononga mavitamini ena. Agogo anafunsa kuti nanga iwo afika bwanji msinkhu umenewu. Anatsutsana kwa masiku. Mapeto ake anagwirizana kuti chidulo chizilowa mu therere lokha, masamba ena aziphikidwa opanda.

Kutsutsana koteroko ndiko kumasonyeza kuti apa pali ubwenzi weniweni. Munthu amene ukungomumvera chisoni sutsutsana naye. Umangovomera zilizonse kuti asakhumudwe, kenako n'kuyang'ana nthawi.

Nkhani za pamphasa sizitha. Agogo amakumbukira Zomba ali likulu la dziko, boma lisanasamukire ku Lilongwe mu 1975. Amakumbukira lamulo la 1973 limene linaletsa akazi kuvala mathalauza ndi masiketi aafupi, ndipo amamuuza mtsikana wa jinziyo kuti nthawi imeneyo sakanafika nayo ngakhale pamsika. Amakumbukira njala ya 2002, anthu akulimbirana madeya kuchigayo ndi kukumba zitsa za nthochi. Anawa zimenezi anangozimva kusukulu. Pano akuzimva kwa munthu amene anaika maliro m'chaka chimenecho.

Nawonso ali ndi zawo. Amawawerengera agogo mauthenga a pa WhatsApp ochokera ku Joni, amawaperekeza kukatapa ndalama za pafoni, amawachenjeza za akamberembere otumiza mauthenga akuti tumizani pa nambala iyi. Mankhwala a BP saiwalikanso, chifukwa pali wofunsa ngati amwedwa nsima isanaomoledwe.

Nkhani ngati iyi ikanakhala yosafunika kulemba m'nyuzipepala zaka 50 zapitazo. Lero ikukambidwa m'maofesi akuluakulu a dziko lapansi.

Mu June 2025, bungwe la zaumoyo padziko lonse la WHO linatulutsa lipoti lokhudza kusungulumwa. Komiti imene inagwira ntchitoyi inkatsogozedwa ndi anthu awiri, Vivek Murthy wa ku America ndi Chido Mpemba wa ku Zimbabwe. Lipotilo linati munthu mmodzi mwa 6 aliwonse padziko lapansi ndi wosungulumwa, ndipo vutoli likukhudzana ndi imfa zoposa 871,000 chaka chilichonse.

Ambirife tikamva zimenezi timaganiza za nkhalamba ya ku Ulaya yotsekeredwa m'nyumba ya nsanjika, kunja kukugwa chipale. Timati kuno kwathu kulibe zimenezo, ife timakhalirana.

Ziwerengero zikunena zina.

M'mayiko osauka, anthu pafupifupi 24 mwa 100 aliwonse ananena kuti ndi osungulumwa, pamene m'mayiko olemera anali 11. Ndipo amene akudandaula kwambiri si okalamba ayi. Ndi achinyamata.

Choncho tikaona wophunzira wakhala pamphasa ndi gogo, tisafulumire kunena kuti mwana wabwinoyu akusangalatsa nkhalamba. Mwina amene anafika pamenepo mtima uli wolema ndi iyeyo, mwana wa eni amene ali kutali ndi kwawo koyamba m'moyo wake, wa ngongole ya sukulu, wa anzake mazanamazana pafoni koma wopanda womufunsa ngati wadya.

M'chaka chomwecho cha 2025, lipoti lina lotchedwa World Happiness Report linapatula mutu wathunthu kukamba za kudyera pamodzi. Litafunsa anthu m'mayiko 142, linapeza kuti kudya ndi anzako kawirikawiri kumayenderana kwambiri ndi kukhutira ndi moyo, pamlingo wofanana ndi nkhani ya ndalama kapena kukhala pantchito. Dziko limene linatsogola pa kudyera pamodzi ndi Senegal. Ku America, mu 2023, munthu mmodzi mwa 4 aliwonse ananena kuti dzulo lake anadya chakudya chonse ali yekha, chiwerengero chimene chakwera ndi 53 peresenti kuchokera mu 2003.

Makolo athu sanadikire lipoti kuti adziwe zimenezi.

M'midzi yambiri munali chidyerano. Dzuwa likalowa, nyumba iliyonse ya pabanja inkatulutsa nsima ndi ndiwo zimene yapeza tsiku limenelo. Abambo ndi anyamata ankakhala paokha, amayi ndi atsikana paokha. Mbale ya amene wapha nkhuku ndi ya amene wathyola chisoso zinkakumana pakati, ndipo dzanja linkapita kulikonse. Nkhalamba yotha mphamvu zolima, mwana wamasiye, mlendo wongodutsa, onse ankadya osapempha. Akatha kudya, atsikana ankapita kukagona kukuka kwa agogo, kumene nthano ndi malangizo zinkayenda limodzi mpaka tulo.

Sikuti zonse zinali zokoma. Nthuli zonona zinkapita kwa abambo, amayi ndi ana n'kutsala ndi msuzi. Koma panali chinthu chimodzi chotsimikizika: munthu sankadya yekha, ndipo wina akasowa pambale mudzi unkadziwa usiku womwewo kuti kwinakwake kwavuta.

Mwambowu sunafe tsiku limodzi. Edzi inadula m'badwo wapakati m'zaka za m'ma 1990, mpaka pamene mankhwala otalikitsa moyo anayamba kuperekedwa mwaulere m'zipatala za boma mu 2004. Agogo ambiri analera adzukulu okha, akuphika ndi misozi. Adzukuluwo atakula anapita m'tauni, ena ku Joni, ndipo nyumba imene inali yodzaza phokoso inatsala ndi munthu mmodzi ndi kamphika kamodzi. M'tauni namo tinamanga mipanda ya njerwa ndi mageti achitsulo, moti ungathe kukhala zaka osadziwa kuti kuseri kwa khoma kuli gogo wodwala.

Kenako kukwera mtengo kwa zinthu. Mu November 2023 kwacha inagwetsedwa mphamvu ndi 44 peresenti. Mu March 2024 boma linalengeza kuti maboma 23 mwa 28 ali pangozi chifukwa cha ng'amba. Ufa ukamayezedwa ndi kapu, anthu amayamba kudyera m'nyumba, chitseko chili chotseka. Woyamba kuiwalika pa chitseko chotsekacho ndi amene sangathe kubweza.

Kalembera wa 2018 anapeza kuti m'Malawi muno tinalipo anthu 17.5 miliyoni, oposa theka osakwana zaka 18. Ofika zaka 65 sankakwana ngakhale 5 mwa 100 aliwonse. Ndiye kuti gogo aliyense wazunguliridwa ndi achinyamata ochuluka zedi. Anthu oti adye naye sakusowa. Chasowa ndi njira yofikira pakhomo pake.

Ndipo pali chinthu china chimene chatseka njirayo, chimene tonse tikuchidziwa koma sitikonda kuchitchula.

"Usakadye kwa agogo aja."

Ana ambiri akula akumva chenjezo limeneli. Chikhulupiriro chofala n'chakuti ufiti umalowa mwa mwana kudzera m'chakudya: kanyama, kachitumbuwa, kambatata kootcha kopatsidwa mwana ali yekha. Motero mphatso imene kale inali chizindikiro cha chikondi yasanduka umboni pamlandu. Gogo akapatsa, amati akufuna kuphunzitsa ana. Akasiya kupatsa, amati onani kuuma mtima kwake. Alibe kolowera.

Zotsatira zake tinaziona. Mu January 2016, ku Neno, anthu anayi okalamba anaphedwa ndi gulu la anthu atawanamizira kuti ndiwo anatumiza mphezi imene inapha mtsikana wa zaka 17. Kumapeto kwa 2022 dziko lonse linaonera pafoni kanema wa ku Mzimba, mayi wokalamba akumenyedwa kumanda ndi kukakamizidwa kukwirira dzenje. Bungwe la MANEPO, limene limagwirizanitsa mabungwe oona za okalamba, chaka ndi chaka limalengeza za agogo ena ophedwa kapena kuwotcheredwa nyumba pa zifukwa zomwezi.

Lamulo lilipo. Kuyambira mu 1911, kunamizira munthu ufiti ndi mlandu m'dziko muno. Mu 2024 Nyumba ya Malamulo inavomerezanso lamulo lapadera loteteza anthu okalamba. Zonsezi n'zofunika, ndipo opalamula ayenera kulangidwa osawanyengerera.

Koma gulu lokwiya limafika msanga kuposa galimoto ya apolisi.

Nthawi imeneyo chimene chingapulumutse gogo ndi anthu oima patsogolo pake n'kunena kuti awa timawadziwa. Taganizirani nkhalamba imene imadya yokha, maso ofiira ndi utsi wa nkhuni wa zaka zambirimbiri, mwina yoyamba kuiwalaiwala ndi kulankhula yokha chifukwa cha matenda a ukalamba amene ambiri sitiwamvetsa. Mphekesera imamera msanga pa munthu wotero, chifukwa palibe woitsutsa. Tsono taganizirani nkhalamba imene pakhomo pake pamakhala achinyamata akunyambita zala poyera, m'mawa mwake n'kudzuka bwinobwino kupita kusukulu. Wofuna kuyambitsa bodza amayamba waganiza kawiri.

Mtsikana wa ku Rumphi uja akuti nayenso anakokeredwa pambali ndi mayi wina woyandikana nawo, masiku oyambirira, kumuchenjeza kuti asamale ndi zakudya za pakhomopo. Anathokoza, ndipo madzulo ake anakadya. Anachita dala kukhala poonekera.

Ine ndikuona kuti kudya kwa gogo poyera, masiku ano, ndi kumuikira umboni pamaso pa mudzi wonse.

Mayiko ena, kumene mabanja anamwazikana kale kuposa kuno, anachita kupanga dala njira zokumanitsira mibadwo, ndipo nawonso anafikira pa chakudya.

Mumzinda wa Deventer ku Netherlands muli nyumba yosungirako okalamba yotchedwa Humanitas. Kuyambira mu 2012, mkulu wake Gea Sijpkes anayamba kulola ophunzira a kuyunivesite ochepa kukhala m'nyumbayo osalipira lendi. Malipiro awo ndi maola 30 pamwezi okhala anansi abwino: kucheza, kuonera limodzi mpira, kuphunzitsa okalamba za kompyuta, ndi kukonza chakudya chamadzulo n'kudya nawo. Ophunzira apeza pogona, okalamba apeza nkhani zatsopano zokamba kupatula za matenda.

Ku Japan nkhani inayambira kwa mwana. Hiroko Kondo, mayi wogulitsa ndiwo zamasamba m'dera la Ota mumzinda wa Tokyo, anamva kwa mphunzitsi wina za mwana amene mayi ake ankadwala, ndipo kupatula chakudya cha kusukulu ankangodya nthochi. Mu 2012 anatsegula malo m'sitolo yake yotchedwa Dandan kuti mwana aliyense azibwera kudzadya chakudya chophika ngati cha kunyumba pamtengo wochepa kwambiri. Ena anatengera. Malo otere amatchedwa kodomo shokudo, ndipo pofika mu 2024 bungwe la Musubie linawerenga oposa 10,000 m'dziko lonselo. Ngakhale anayambira ana, ophika ambiri ndi anthu achikulire, ndipo okalamba okhala okha nawo amabwera kudzadya. Mwana wosowa agogo ndi gogo wosowa mdzukulu amakumana patebulo limodzi.

Chimene chikuoneka m'malo onsewa n'chakuti wokalamba sakhala wongolandira. Ali ndi ntchito, ali ndi mawu, ali ndi chimene akupereka.

Apa ndi pamene ife timaphonya kawirikawiri. December akafika, makampani, andale ndi magulu a kumpingo amanyamula matumba a ufa, sopo ndi mabulangete kupita kwa okalamba. Amawakhazika pamzere, amalankhula, amajambula zithunzi, galimoto n'kudzuka. Ufawo ndi wofunika, palibe angakane. Ndalama za Mtukula Pakhomo, zimene zinayambira ku Mchinji mu 2006 ndipo zimafikira mabanja ambiri otsogozedwa ndi okalamba, nazonso zapulumutsa miyoyo. Koma thumba la ufa silifunsa kuti mwagona bwanji, ndipo silibweranso Lamlungu lotsatira.

Pali achinyamata amene amvetsa zimenezi. Ku Lilongwe, Deborah Mbale anayambitsa Mai Mbambande ali wamng'ono ndithu, kuphikira okalamba ndi kusunga ena amene anathamangitsidwa kwawo. Ntchito ngati imeneyo ndi yoyenera kuithandiza. Komabe nyumba imodzi singasunge agogo a dziko lonse, ndipo ambiri a iwo safuna kuchoka pakhomo pawo. Amafuna kuti pakhomopo pazifika anthu.

Si ubwenzi uliwonse wotere umene umatha bwino. Alipo anyamata amene amakumbukira agogo tsiku lolandira ndalama lokha. Alipo okalamba amene amasandutsa mwana wa lendi kukhala wantchito wosalipidwa, mpaka sukulu kusokonekera. Ndipo ngakhale pamene zonse zili bwino, wophunzira amamaliza zaka zake zinayi n'kunyamula chikwama. Gogo amene anatsanzikana kale ndi ana ake obereka amatsanzikananso kachiwiri. Wachinyamata naye amadziwa kuti tsiku lina foni idzalira ndi uthenga wa maliro. Amene amalowa mu ubwenzi umenewu amalowa akudziwa mtengo wake.

Pali gulu lina limene timaliiwala: abambo okalamba. Ambiri a iwo sanagwirepo mthiko moyo wawo wonse. Mayi akamwalira, kukhitchini kumazizira, ndipo bamboyo amakhalira tiyi ndi chimanga chokazinga, manyazi akumuletsa kupempha.

Koma ku Kawale, mu Lilongwe, ndinapeza zosiyana.

Kumeneko kuli madala ena amene pa unyamata wawo anagwira ntchito ya ukhukhi m'nyumba za azungu ku Salisbury, kumene lero ndi Harare, monga anachitira Amalawi ambiri a nthawi imeneyo. Akazi awo anamwalira. Pafupi ndi geti lawo pali siteji ya kabaza, ndipo anyamata a pamenepo ankabwera kudzapempha madzi akumwa. Madalawo ankawaona masana onse akungodya mandasi ndi zakumwa zotsekemera za m'mapepala. Tsiku lina anawauza kuti akasonkha ufa ndi nyemba, iwo aphika.

Tsopano Loweruka madzulo njinga zimatsamira kumpanda. Madala amavala epuloni yoyera, yochapa bwino, ndipo pophika salola chibwana. Anyezi adulidwe mofanana. Mafuta atenthe kaye. Mpeni ukagwira nsomba utsukidwe usanagwire tomato. Malamulo a pakhomo ndi awiri: woledzera sadya, ndipo foni imakhala m'thumba mpaka mbale zitatsukidwa.

Anyamatawo amawatchula kuti madala, iwo amawatchula kuti ana anga. Pakati pa kudya pamatuluka nkhani zimene anyamatawa sangakambe pasiteji: ngongole ya njinga, mkazi amene wabwerera kwawo, mnzawo amene anagundidwa ndi galimoto pamsewu. Madala samafulumira kulangiza. Amayamba afunsa mafunso, kenako n'kusimba zimene zinawaonekera iwowo ali kutali ndi kwawo, opanda mbale.

Anawaphunzitsanso kuphika masikono mumphika, makala pansi ndi pamwamba pa chivundikiro. Mmodzi wa anyamatawo anagwira bwino dzanja, moti m'mawa uliwonse amafika pasiteji ndi ndowa ya masikono otentha, ndipo pa phindu lake amapatulapo ya madala. Akuluakulu anati kupatsa n'kuika. Chifuwa chitawagwira madalawo m'nyengo yozizira, sipanafunike kufunafuna galimoto. Njinga inali pageti, ndipo anyamatawo anagawana masiku okagona nawo kuchipatala, anamwino mpaka kufunsa kuti bambowa ali ndi ana angati.

Atatuluka m'chipatala anapeza anyamatawo ataphika okha. Analawa nyemba, n'kunena kuti mchere wachuluka ndipo anyezi sanapse. Loweruka lotsatira anavalanso epuloni yawo, n'kutuma wamng'ono pa onsewo kukagula makala.